Chipinda cha Kuseri

Odwala sandidziwa dzina.
Amadziwa adokotala a Mwalwanda, mpando wogoneka chagada,
nyali yothobwa m'maso,
ndi mtsikana wa pakauntala wolemba malisiti.
Ine ndimakhala kuseri, pakati pa sinki ndi mphika wamagetsi,
kumene zitsulo zimabwera pathireyi
zitavala magazi a ku Zingwangwa,
malovu a ku Chilobwe, mafinya a mphunzitsi wa ku Soche.

Ndimatsuka. Ndimakwecha ndi kaburashi m'mano mwa pulayala,
pakuti chozulira mano nachonso chili ndi mano ake,
ndipo zosaoneka zimabisala m'menemo.
Ndikatero ndimakulunga, kulemba tsiku, kutsekera mumphika,
nthunzi ikafike kumene maso anga safika.
Kamzere ka papepala kakada, ndiye kuti zapsa.
Kakapanda kuda, tiyambirenso.

Lachitatu lija magetsi anathima mphika uli pakati pa ulendo.
Jenereta inatsokomola kawiri n'kugona.
Pabenchi panali dalaivala wa minibasi ya ku Limbe,
tsaya lotupa ngati wabisa bango mkamwa,
akubuula, akuwerenga ndalama za tsikulo zikumuthawa.
Adokotala anasuzumira pakhomo panga:
"Mayi Nasiyaya, zatentha kale zimenezo, tipatseniko chimodzi."
Ndinayang'ana kamzere. Kanali kotuwa.
Ndinati ayi.

Ayi wanga ndi wamng'ono, analekeza Fomu Thu,
malipiro ake safika pakati pa mwezi,
koma tsiku limenelo anadzaza khomo lonse.

Sindinawauze za Lufeyo, mchimwene wanga,
amene anazulitsa dzino kuseri kwa msika
kwa bambo wa chikwama chakuda ndi pulayala imodzi
yopukutira pathalauza, yoviika m'kabotolo ka sipiriti.
Iye anali pakamwa pachisanu m'mawa umenewo.
Dzino linachoka bwinobwino, anabwera akuseka,
akutionetsa bowo ndi nsonga ya lilime.
Patapita zaka maso ake anasanduka achikasu,
mimba inatupa, lamba anakana,
ku Gulupu anati chiwindi chatha.
Kaya kachilomboko kanakwera pulayala ija, kaya kanadzera kwina,
palibe anatiuza, ndipo sindidzadziwa.
Kusadziwako ndi kumene ndimakwecha m'mawa uliwonse.

Dalaivala anatukwana ndi theka la pakamwa.
Anati chipatala chanji chodikira magetsi ngati chigayo,
anati pamsika akanathana nazo kalekale, pamtengo wozizira.
Ndinamva zonse kudzera pakhoma la pulaiwudi.
Manja anga anali m'magolovesi, akutuluka thukuta,
osagwira kanthu.

Magetsi anabwera nthawi itapitirira fili koloko.
Ndinayambitsa mphika pachiyambi penipeni,
osati pamene unalekezera,
pakuti kachilombo sadziwa kuti tinali titayamba kale.
Unalira, unapuma, unauma.
Kamzere kanada bii.
Ndinanyamula phukusi ndi manja awiri
ngati mwana wobadwa kumene,
adokotala analing'amba pamaso pa wodwala osandiyang'ana.

Anatuluka ataluma thonje,
anagwedezera mutu adokotala, anagwedezera wa pakauntala,
anandidutsa m'khonde ndili ndi ndowa
ngati akudutsa mopu woyedzamira khoma.
Zilibe kanthu.
Zaka khumi zikubwerazi adzakhala akukangana ndi kondakitala,
maso ake oyera,
osadziwa kuti pali chimene sichinamuchitikire.

Ndinaponya singano m'bokosi lachikasu,
ndinavula magolovesi chotembenuza, lina m'mimba mwa linzake,
ndinasamba mpaka m'zigongono, sopo kulowa m'ming'alu ya zala.
Kunyumba ndinapeza Tadala akugwedeza dzino lake la mkaka,
akuti amayi, a neba ali ndi kapulayala.
Ndinamukhazika pamwendo.
Ndinati lisiye, mwanawe, ligwa lokha.